Chizindikiro chimatsala pa webusaiti, vidiyo n'kupita

Pali mzere wina wa zilembo ndi manambala umene anthu ambiri sanauonepo, chikhalirecho uli pa mawebusaiti ochuluka zedi: RTA-5042-1996-1400-1577-RTA. Suoneka pa sikirini. Umakhala m'kati mwa khodi ya tsamba, chakumtunda, komwe opanga mawebusaiti amalemba zinthu zoti aziwerenga makina okha. Mukatsegula tsamba pa kompyuta n'kudina Ctrl ndi U pamodzi, khodi yonse imayalika, ndipo ngati tsambalo ndi la zolaula ndipo eni ake ndi osamala, mzerewu muupeza uli phee pakati pa mizere ina yonena dzina la tsamba ndi mtundu wa zilembo. Ntchito yake ndi imodzi basi: kuuza pulogalamu yosefa imene kholo laika pa foni kapena pa kompyuta kuti kuno ndi kwa akuluakulu, mwana asalowe.

Anaupanga mu 2006 ndi a bungwe la ku America loteteza ana pa intaneti la ASACP, lomwe linayamba mu 1996 ndipo limathandizidwa ndi ndalama za makampani a zolaula omwewo. Nthawi imeneyo aphungu ena ku Washington ankafuna lamulo lokakamiza mawebusaiti oterewa kudziika chizindikiro, choncho makampaniwo anaona kuti bola ayambe okha boma lisanawagwire pakhosi. Kuuika n'kwaulere, ndipo palibe amene amakakamizidwa.

Aka sikanali koyamba. Cha m'ma 1996 a W3C, omwe amakonza mfundo za kapangidwe ka mawebusaiti, anatulutsa dongosolo loika zizindikiro pa mawebusaiti lotchedwa PICS, ndipo pambuyo pake kunabwera bungwe la ICRA lomwe linkapatsa mwini webusaiti fomu yoti ayankhe: pali umaliseche? pali chiwawa? pali kutukwana? Ambiri analibe nayo nthawi fomuyo, ndipo mu 2010 dongosololo linatsekedwa. Mu 2011 a ICANN, omwe amayang'anira maadiresi a pa intaneti, anavomereza kuti pakhale maadiresi othera ndi .xxx, poganiza kuti zolaula zonse zikhale mbali imodzi yosavuta kutseka. Chosekesa n'choti magulu a zachipembedzo anakana, ati n'kuvomereza uchimo, ndipo makampani a zolaula anakananso, ati n'kuwaunjika pamodzi kuti boma lidzawatseke tsiku limodzi. Amene anathamangira kulipira anali mayunivesite ndi makampani wamba, kugula mayina awo kuti wina asadzawagwiritse ntchito molakwika. Mawebusaiti akuluakulu anangokhalabe pa .com.

Njira zonsezi zili ndi vuto limodzi: wolemba chizindikiro ndi mwini katundu, ndipo chizindikirocho chimamatidwa pa tsamba, osati pa vidiyo yeniyeniyo.

Achemwali anga anabwera ndi foni ya mwana wawo wamwamuna amene wangoyamba sekondale. "Achimwene, tandiikireniko zija zotsekera zoipa, mwanayu wakula," anatero. Ndinaika Family Link ya Google, kutsegula SafeSearch, kuika malire a msinkhu pa Play Store, kenako n'kuyesa kulowa pa webusaiti ina yodziwika. Inakana. Achemwali anapumira m'mwamba. Koma ndisanabweze foniyo ndinalowa mu foda ya mavidiyo. Munalibe choipa chilichonse: zigoli za mpira, nthabwala, kwaya ya kusukulu. Chimene ndinaona n'choti pa mavidiyo onsewo panalibe ngakhale imodzi imene anaitsitsa pa webusaiti. Onse anabwera pa WhatsApp, ena anachita kupatsirana ndi anzake foni ndi foni popanda intaneti, ena anali pa memori khadi imene anakadzazitsa kwa anyamata obena nyimbo kumsika. Chifukwa chake n'chodziwika kwa aliyense wogula yuniti: bandulo ya WhatsApp njotsika mtengo kuposa ya intaneti yonse, ndiye mwana wa sukulu sangathere ndalama yake ya chips poonera vidiyo pa webusaiti pomwe mnzake angamutumizire.

Zili ngati mankhwala opopera m'dimba amene amayeza m'timabotolo pamsika. Chenjezo lonse lili pa chigubu chachikulu kusitolo, chigaza ndi mafupa zojambulidwa bwinobwino, koma kabotolo kamene kafika kunyumba kalibe cholembedwa. Vidiyo ikangotsitsidwa pa webusaiti n'kulowa pa gulu la WhatsApp, imasanduka fayilo yokhala ndi dzina longa VID kenako deti ndi nambala, ndipo palibe pulogalamu yosefa mawebusaiti imene ingadziwe zimene zili m'katimo.

Musaganize kuti bizinesi imeneyi sidziwa kulemba zizindikiro. Ikafuna kugulitsa, palibe woiposa. Vidiyo iliyonse pa mawebusaiti amenewa imakhala ndi timawu tambirimbiri toifotokoza: khungu la munthu, thupi lake, dziko lake, msinkhu umene akuoneka, malo amene anajambulira. Timawuti ndi timene makina amagwiritsa ntchito posankha choti akuonetseni mukamaliza imene mukuonera, ndipo Pornhub chaka ndi chaka imatulutsa lipoti la mawu amene anthu a m'mayiko osiyanasiyana anafufuza kwambiri, manyuzipepala n'kumalemba ngati ndi zotsatira za kalembera. Akazi akuda ali ndi gulu lawolawo, ngati kuti khungu ndi mtundu wa katundu. Koma chimene chimandivuta koposa ndi timawu tonena kuti vidiyoyi yatayikira, kapena anajambula mobisa, kapena mwini wake sakudziwa. Mawu amenewa amakoka anthu, choncho ngakhale osewera olipidwa amawalemba pa mavidiyo awo kuti ayende malonda. Zotsatira zake n'zoti vidiyo imene inabedwadi, ya mtsikana amene sakudziwadi, imabisala pakati pa masauzande onamizira. Wolemba timawuti ndi amene waika vidiyo, ndipo kwa zaka zambiri panalibe wofunsa ngati akunena zoona.

Apa ndi pamene pagona nkhani. Chizindikiro cha 18+ chimanena za woonera: uyu aloledwe, uyu asaloledwe. Sichinena kanthu za munthu amene ali m'vidiyomo, kaya ndi wamkulu, kaya anavomera kujambulidwa, kaya anavomera kuti dziko lonse lione.

Ku America funso limeneli analiyankhapo kale pa nthawi ya matepi. Mu 1986 zinadziwika kuti wosewera wina wotchuka anayamba ntchitoyo asanakwane zaka 18 pogwiritsa ntchito ziphaso zabodza, ndipo mu 1988 kunabwera lamulo limene anthu a m'bizinesiyi amangolitchula ndi nambala yake, 2257. Limati wojambula aliyense asunge chiphaso cha wosewera aliyense, ndipo alembe pa filimuyo kumene mapepalawo akusungidwa. Mpaka lero mawebusaiti ambiri ali ndi kalinki kakang'ono pansi penipeni kolembedwa nambala imeneyi. Koma lamuloli linalembedwera makampani okhala ndi situdiyo ndi ofesi. YouTube itayamba mu 2005, anthu ena anaona kuti njira yomweyo, yoti aliyense aziika vidiyo yake kwaulere ndalama n'kumachokera ku zotsatsa malonda, ingagwirenso ntchito pa zolaula. Pornhub inayamba mu 2007 ku Montreal, ndipo kenako inakhala m'manja mwa kampani imene inagula mawebusaiti ambiri otere, yomwe inkatchedwa Manwin, kenako MindGeek, lero Aylo. Webusaiti yotere inkati si ndiyo yajambula, yangosunga zimene anthu aika, ndipo gawo 230 la lamulo la mu 1996 la ku America limateteza mawebusaiti pa zinthu zoikidwa ndi anthu ena. Pena ndimaseka ndikakumbukira kuti gawo limeneli lili m'lamulo lomwe cholinga chake chinali kuthana ndi zolaula pa intaneti. Zigawo zoletsa zija khoti lalikulu linazithetsa mu 1997, chotsala n'kukhala chishango cha mawebusaiti.

Kwa zaka zoposa 10 munthu ankangofunika imelo kuti aike vidiyo pa Pornhub, ndipo pansi pa vidiyo iliyonse panali batani lotsitsira. Mtsikana akadandaula n'kuichotsetsa, mawa lake wina amene anaitsitsa kale ankaibwezeretsa ndi mutu wina. Zinasintha m'masiku owerengeka a mwezi wa Disembala 2020. Pa 4 mtolankhani Nicholas Kristof analemba mu New York Times za ana ndi amayi ogwiriridwa amene mavidiyo awo anali pa Pornhub. Pa 10 Mastercard ndi Visa anasiya kulola makhadi awo pa webusaitiyo. Pofika pa 14 Pornhub inali itachotsa vidiyo iliyonse yoikidwa ndi munthu wosatsimikizika, ndipo chiwerengero chinatsika kuchoka pa mavidiyo oposa 13 miliyoni kufika ochepera 5 miliyoni. Tangoganizani: mavidiyo mamiliyoni ankhaninkhani amene kampaniyo sinkatha kunena motsimikiza kuti anaika ndani. Madandaulo a ozunzidwa analipo kale, makalata a maloya analiponso, koma chimene chinagwedeza kampaniyo ndi kutsekeka kwa njira ya ndalama.

Chaka chotsatira Mastercard inakhazikitsa malamulo akuti webusaiti iliyonse ya zolaula yofuna kulandira makhadi ake izikhala ndi umboni wa msinkhu ndi wa chilolezo cha aliyense wooneka m'vidiyo, ndiponso iziona kaye zinthu zisanatuluke. OnlyFans, webusaiti imene anthu amagulitsirapo zithunzi ndi mavidiyo awo kwa olipira, imene Tim Stokely anayambitsa ku London mu 2016 ndipo imadula 20 peresenti pa zimene ojambula apeza, inalengeza mu Ogasiti 2021 kuti isiya kulola zolaula, n'kuloza chala mabanki. Pasanathe sabata inabweza mawu, ojambula atakalipa kuti ndi iwo anaimanga kampaniyo.

Ine pamenepa mtima uli pawiri. Kutsimikizira kuti munthu ndi wamkulu ndipo wavomera n'chinthu chimene chinayenera kukhalapo kuyambira tsiku loyamba, ndipo sindingalire kuti chinabwera. Koma chinabwera kudzera kwa makampani awiri a makhadi amene palibe anawavotera, ndipo nkhawa yawo yoyamba ndi mbiri ya dzina lawo. Mphamvu yawo imatheranso pomwe pathera makhadi. Webusaiti imene simalandira Visa, kapena tchanelo cha pa Telegram chimene amalipiritsa kudzera pa ndalama za pa foni, malamulowa sachikhudza.

Nanga bwanji osangosiyira makina kuti aziona okha n'kuika chizindikiro? Webusaiti ya Tumblr, yomwe anthu amaikapo zithunzi ndi zolemba zawo, inayesa. Apple itaichotsa pa App Store mu Novembala 2018 chifukwa cha zithunzi zozunza ana zimene zinapezekapo, inaletsa zolaula zonse kuyambira pa 17 Disembala n'kusiyira makina ntchito yozindikira. Makinawo anayamba kugwira zojambula pamanja, ziboliboli ndi zinthu zina zopanda mlandu, anthu ambiri n'kuthawa. Webusaiti imene Yahoo inagula pa madola 1.1 biliyoni mu 2013 inagulitsidwa mu 2019 pa mtengo umene malipoti anati sunafike madola 3 miliyoni. Makina a lero ndi anzeru kuposa apo, koma nzeruzo amachita kuphunzitsidwa ndi anthu amene amakhala tsiku lonse akuona zinthu zonyansa n'kumalemba kuti ichi ndi chakuti. Mu Januwale 2023 magazini ya Time inaulula kuti antchito a kampani ya Sama ku Nairobi ankawerenga ndi kuika m'magulu nkhani zofotokoza kugwirira, kuzunza ana ndi kupha, pokonza zosefera za OpenAI, kampani imene inapanga ChatGPT, pa malipiro osapitirira madola 2 pa ola. Kampani yomweyo ndi imene inkalemba anthu oyang'anira zoikidwa pa Facebook, ndipo mmodzi wa iwo, Daniel Motaung wa ku South Africa, anakasuma kukhoti ku Kenya mu 2022. Choncho foni ya ku Ulaya ikabisa chithunzi n'kulemba kuti ichi chingakukhumudwitseni, nthawi zina diso limene linaphunzitsa makinawo ndi la mnyamata wa kuno ku Africa amene usiku tulo sakuliona.

M'zaka zaposachedwapa maboma atopa n'kudikira, ndipo atembenuza nkhani yonse: m'malo moika chizindikiro pa vidiyo, akuchiika pa woonera. Dera la Louisiana ku America linayamba pa 1 Januwale 2023 kukakamiza mawebusaiti amene gawo limodzi mwa magawo atatu a zinthu zake ndi zolaula kuti azitsimikizira msinkhu wa wolowa. Pornhub inamvera, kenako inati olowa kuchokera kuderalo anatsika ndi pafupifupi 80 peresenti, ndipo m'madera ena monga Utah ndi Texas inangosankha kutsekeratu. Mu Juni 2025 khoti lalikulu la dzikolo linagamula, oweruza 6 kwa 3, kuti lamulo la ku Texas lilibe vuto. Ku Britain, pansi pa lamulo la Online Safety Act la 2023, kuyambira pa 25 Julaye 2025 batani lija longodina kuti ndili ndi zaka 18 silikukwaniranso. Munthu amafunika kuonetsa chiphaso, khadi la ngongole, kapena kuloza nkhope pa kamera kuti makina ayerekeze msinkhu wake. Sabata yomweyo mapulogalamu a VPN, onamiza webusaiti kuti uli dziko lina, anakwera pamwamba pa mndandanda wa otsitsidwa kwambiri. Abale athu a ku Leeds ndi ku Manchester zimenezi akuzidziwa, chifukwa ngakhale Reddit ndi X zinayamba kuwafunsa msinkhu.

Sindikukana kuti mwana wa zaka 9 amene akanalowa mwangozi tsopano akutchingidwa, ndipo zimenezo si zazing'ono. Koma amene anasiya kulowa ku Louisiana sanasiye kuonera. Ambiri ayenera kuti anangosamukira ku mawebusaiti osamvera lamulo, komwenso ndi kumene kulibe wofunsa chiphaso cha munthu wa m'vidiyo. Ndipo ine, monga munthu wa m'dziko limene nambala ya foni ndi yomangiriridwa ku chiphaso cha unzika, sindingakondwe kuona nkhokwe yosunga kuti nzika yakuti inaonera chakuti. Nkhokwe zotere zimabedwa, ndipo ikabedwa imeneyo pamatha maukwati ndi ntchito za anthu.

Kwathu kuno nkhani ya kusefa si yachilendo. Lamulo lokhazikitsa Censorship Board ndi la mu 1968, nthawi ya Kamuzu, pamene filimu inkabwera pa chimkombero ndipo akuluakulu ankatha kuionera kaye n'kudula ndi lumo mbali imene sanaikonde. Zimenezo zinkatheka chifukwa khomo lolowera linali limodzi. Mavidiyo sho atafala m'matauni zinayamba kale kuvuta, ndipo foni zitabwera zinatheratu. Lamulo la mu 2016 la Electronic Transactions and Cyber Security Act lilipo ndipo limaletsa zolaula za ana pa intaneti. Ku South Africa bungwe la Film and Publication Board lili ndi chizindikiro cha X18 cha mafilimu ogulitsidwa m'masitolo a chilolezo okha, ndipo kuyambira mu Malichi 2022 kugawa zithunzi zamseri za munthu popanda chilolezo chake ndi mlandu pansi pa lamulo lawo la mafilimu.

Koma tinene zoona, vuto lathu lalikulu si masitudiyo a ku California. Ndi vidiyo ya mtsikana wa pa koleji imene chibwenzi chake chakale chatulutsa atayambana, kapena imene wokonza foni anaipeza n'kuikopa. Imeneyo timaiika zizindikiro ndi ife tomwe, ndipo timaziika mwaluso: dzina lake lonse, sukulu yake, tchalitchi chimene amaimba kwaya, chithunzi chake cha pa Facebook atavala bwinobwino kuti anthu ayerekeze. Mwamuna wa m'vidiyomo kawirikawiri nkhope yake sioneka chifukwa ndiye wagwira foni, ndipo dzina lake palibe amalifunsa. Pa gulu anthu amene masana amadzudzula kuwonongeka kwa chikhalidwe ndi omwewo amalemba kuti "tiponyereni ku inbox, bwana". Ndinaonapo bambo wina wolemekezeka akulemba ndemanga yaitali yodzudzula atsikana a masiku ano, pansi pake n'kufunsa kuti ili ndi gawo lachiwiri kodi.

Pali chida chimodzi chimene chimayesa kumata chizindikiro pa fayilo yeniyeniyo, ndipo n'chofunika kuti anthu achidziwe. Njira yake inayamba ndi PhotoDNA, imene Microsoft inapanga mu 2009 pamodzi ndi katswiri wa makompyuta Hany Farid pofuna kugwira zithunzi zozunza ana: makina amawerengera nambala yapadera ya chithunzi, ngati chidindo cha chala, moti chikaikidwanso kwina chimadziwika. Kuyambira mu Disembala 2021 webusaiti ya StopNCII.org, yoyendetsedwa ndi bungwe lina la ku Britain, imalola munthu wa zaka 18 kapena kuposa kupanga nambala imeneyi pa foni yake. Chithunzicho sichichoka m'foni, imapita ndi nambala yokha, ndipo Facebook, Instagram, TikTok, Reddit, OnlyFans ndi Pornhub amaigwiritsa ntchito poletsa kuti chisaikidwe. Kwa amene anajambulidwa ali ochepera zaka 18 kuli Take It Down ya bungwe loteteza ana la NCMEC la ku America. Zonse ziwiri n'zaulere ndipo zimagwira ntchito ngakhale uli ku Mzuzu kapena ku Chipata.

Malire ake ndi omwe aja. Mauthenga a pa WhatsApp ndi otsekedwa kuchokera kwa wotumiza mpaka kwa wolandira, kampaniyo siona zimene zikudutsa, choncho nambala ija ilibe poigwirira vidiyo imene ikuyenda m'magulu. Amene ali ndi mphamvu pamenepo ndi adimini, yemwe kuyambira mu 2022 amatha kufufutira gulu lonse uthenga wa munthu wina, ngati akufuna, ndipo ngati wauona anthu asanautsitse. Chizindikiro chokhacho chimene WhatsApp imamata pa vidiyo yotere ndi timivi tiwiri ndi mawu akuti "Forwarded many times", amene anawaika pofuna kuchenjeza anthu za nkhani zabodza ndipo kuyambira mu 2020 uthenga wotere umatumizidwa ku gulu limodzi lokha pa nthawi imodzi. M'magulu amene ine ndilimo, anthu akaona timivi timeneti amadziwa kuti iyi ndiyo yatentha mtauni, ndipo amaitsegula msanga bandulo isanathe.